Msana Umene Unawolotsa Overton Harawa

Aliyense amene anakulira pa Bolero ulamuliro wa chipani chimodzi utatha akuidziwa nyumba ya vidiyo ya a Overton Harawa, ngakhale kuti ena mwa iwo lero ndi madikoni ndipo angalumbire kuti sanapondemo. Inali kuseri kwa chigayo. Makoma ake anali a zidina, mabenchi a matabwa otsala pocheka, m'mawindo munkapachikidwa mabulangete akale, ndipo panja pankakhala jenereta imene eni ake ankaikalipira ngati ng'ombe yokana goli. Nyengo yogulitsa fodya, alimi akabwerako ku okushoni, munkadzaza mpaka ena kukhala pansi. Mvula ikayamba munkangolowa ana othawa masamu, ndipo kamodzikamodzi mbuzi.

Mabuku a mbiri salemba za anthu ngati a Harawa, ndipo ine ndikuti oluza ndi mabukuwo. Anabadwira m'mudzi wina kumadzulo kwa Bolero, mwana woyamba wa a Bizwick Harawa, mphunzitsi wa sukulu ya mishoni. Sitandade 8 anaibwereza mpaka aphunzitsi atsopano ankafunsa kwa iwo kumene kumakhala choko, koma sanasankhidwe kupita ku sekondale. Anasankhapo fodya pa esiteti, kenako anakwera ku Chelinda, kumene anatha zaka akuwaza nkhuni ndi kukolezera moto alendo odzaona nyama. Amanena kuti kuzizira kwa ku Nyika ndiko kunawasungira malipiro awo, pakuti kunalibe kotulukira kukawawononga. Atatsika anagula TV, deki ndi jenereta, nakwatira, nakhazikika.

Ine ndinawadziwa ndili mwana, bambo anga atatumizidwa kuchokera ku Dedza kudzakhala mlangizi wa zaulimi. Ankanditcha Mchewa. Nditabwerako ku koleji ku Zomba anandikweza udindo, ndinakhala Bwana Digiri. Pakhonde pawo tinkatsutsana pa chilichonse: ndale, mpira, makuponi a feteleza, ndi funso losatha lija loti mwana ndi wa kwa bambo kapena wa kwa mayi.

M'chaka cha 2007 kunabwera Kezia Luhanga, mnzanga wa ku koleji amene anaphunzira zisudzo, mwana wa banja lophunzira la ku Livingstonia. Bungwe lina losamalira ana amasiye linamubwereka kamera kuti ajambule filimu yaifupi yonena za mwana woferedwa. Ankafuna jenereta ndi malo oonetsera, choncho ndinapita naye kwa a Harawa. Atakhala pa benchi anawafotokozera mmene filimuyo idzayendere: mwana waima m'mphepete mwa dzenje, waponya dothi pa bokosi la mayi ake, misozi ikutsika, kamera ikuyandikira nkhope yake pang'onopang'ono.

A Harawa anamvetsera mpaka kumapeto, kenako anafunsa kuti, "NyaLuhanga, mwana ameneyu ndi wa ku Nigeria?"

"Ndi wa konkuno, adada."

"Yayi. Wa konkuno safika kumanda. Mwina kumishoni kwanuko ana amaponya dothi, sindinakhaleko. Kwathu kulira kusanayambe mwana amakhala atachotsedwa kale. Akamabwerera amapeza pabwalo posesedwa, phulusa la moto wa azibambo, anthu ometa mipala. Akafunsa amamuuza kuti amama apita kuchipatala ku boma. Ukufuna chisoni cha mwana? Jambula mwana amene sakudziwa kuti waferedwa."

Kezia, amene sakonda kugonja msanga, anati, "Inu mukudziwa bwanji zimene mwanayo amamva?"

"Ndinali mwanayo," anatero a Harawa, nadzuka kukathira mafuta mu jenereta imene inali kale yodzaza.

Atabwerako anatiuza nkhani imene ine, amene ndinkadzitama kuti ndimawadziwa, ndinali ndisanaimvepo. Mayi awo owabereka anali Miriam nyaChavula. Anamwalira pobereka mwana wachiwiri, amenenso sanakhale moyo, Overton ali ndi zaka pafupifupi zinayi. Ng'ombe za malowolo zinali zitaperekedwa, kotero mwanayo anali wa kwa Harawa, ndipo a kwa Chavula sanafune kuti mdzukulu wawo aleredwe ndi mkazi wachilendo. Patapita nthawi anapereka mng'ono wake wa Miriam, dzina lake Rahab, kuti alowe m'nyumba ya mkulu wake. Kuyambira tsiku limenelo lamulo la pakhomo linali limodzi lokha: amama ndi awa. Dzina la Miriam silinatchulidwenso. Chithunzi chake panalibe, pakuti masiku amenewo munthu wa kumudzi sankajambulitsa popanda chifukwa chachikulu.

Overton anakula akudziwa kuti Rahab ndiye anamubereka. Ali Sitandade 5 anagwetsa mnzake pa ndewu, ndipo mnzakeyo podzuka anamulalatira kuti, "Ukudzitama chiyani iwe, amako ali m'manda!" Anathamangira kunyumba, napeza bambo ake akuchonga makope. A Bizwick sanamumenye. Anavula magalasi, nati, "Mayi ako ndi amene anachapa malaya wavalawo. Ukadzafunsanso, udzakhala wamutukwana." Overton sanafunsenso, ngakhale a Bizwick atamwalira.

Chimene anachita ndi kufufuza m'mutu mwake, monga munthu amafufuzira m'nkhokwe mwezi wa njala, ndipo anapezamo chinthu chimodzi. Ali kumsana kwa mayi, akuwoloka kamtsinje ka kumudzi kwawo. M'dzanja lake muli chimanga chootcha, chopserera mbali imodzi. Khosi la mayiyo ndi lonyowa. Mayiyo akuimba sumu, ndiye kuti nyimbo ya kutchalitchi, ndipo akuimba mokweza kwambiri mwakuti mwanayo akuimva ndi chifuwa, kudzera mumsana. Nkhope sakuiona, pakuti mwana wa kumsana saona nkhope.

"Ndi zokhazo zimene ndili nazo," anatero a Harawa. "Ngati msana umenewo ndi wa Miriam, ndiye kuti amama ondibereka ndikuwakumbukira. Ngati ndi wa amama awa a Rahab, ndilibe kanthu. Wodziwa alipo mmodzi, ndipo ndikamufunsa ndamutukwana."

Pano ndiime kaye ndinene maganizo anga. Mwambo wochotsa mwana pamaliro umatamandidwa kuti ndi chifundo, ndipo sindikana kuti ochitawo amachita ndi mtima wabwino. Koma chifundocho chimapita kwa yani? Ine ndikuti chimapita kwa akuluakulu, amene sangapirire kuyang'ana mwana m'maso ndi kumuuza kuti amake sadzabweranso. Imfa sitingaibise kwa mwana. Chimene tingathe ndi kumuchedwetsera, kuti adzaimve yekha, pabwalo la sukulu, kuchokera pakamwa pa mdani. Komabe wotsutsa wabwino amayamba wadzitsutsa yekha. Overton sanatchedwepo wamasiye. Anadya m'mbale imodzi ndi ana a Rahab, ndipo mlendo sakanatha kuloza kuti wobadwa kwina ndi uyu. Kwathu ku Dedza mwana wotere akanatsala kwa akuchikazi, bambo ake nkusanduka mlendo wobwera ndi sopo pa Khirisimasi. Fuko lililonse lili ndi chimene limalanda mwana woferedwa, ndipo lililonse limatcha kulandako chisamaliro.

Tsiku lomwelo ndinawauza a Harawa kuti, "Akulu, afunseni basi. Mwasenza funso moyo wanu wonse, pamene yankho lake lili pa mtunda wa njinga."

"Bwana Digiri, kwanu ku Dedza munthu amafunsa amake kuti, kodi ndinu amayi anga?"

"Simukufunsa zimenezo. Mukufunsa za mtsinje."

"Ndi funso lomwelo, langovala malaya ena. Mayi uja anasiya sukulu chifukwa cha ine. Nditagwidwa chikuku anagona pansi pa simenti kuchipatala mpaka mbali inafa dzanzi. Lero ndipite ndikati, amama, msana uja unali wanu kapena wa amama enieni? Enieni! Iwe liwu limenelo ungalitulutse pakamwa?"

Ndinasintha njira. Ndinawauza kuti ophunzira za maganizo a munthu amakayikira zimene mwana wa zaka zinayi amakumbukira, pakuti mutu umatha kudzipangira chithunzi ndi kuchikhulupirira.

"Ndiye buku lako likuti chimanga chija ndinapeka? Linalumako?"

Kezia anataya zimene anakonza poyamba, napempha kuti ajambule nkhani ya a Harawa. Anavomera, koma anaika malire awiri: mayina asinthidwe, ndipo a Rahab asauzidwe. Tonse tinagwedeza mitu ngati anthu anzeru. Kubisa nkhani pa Bolero kuli ngati kubisa fodya m'chigafa, chimene chili ndi denga koma chilibe makoma.

Anajambula mwezi wa Julaye, pa kamtsinje komweko, madzi ali a m'kakolo. Mbali ya mayi anatenga a Muriel, mphunzitsi wa Sitandade 3 wochokera ku Mulanje, munthu wa nkhope yowala ndi mano oyera. Mwana anabwerekedwa kwa wogulitsa matumba a fodya. Kezia anaimika kamera kutsidya la kumudzi, chifukwa ndiko kumene dzuwa linkagwa bwino pankhope, ndipo anauza a Muriel kuti awoloke molunjika kamerayo, akuimba ndi kumwetulira, kuti oonera adziwe chimene mwanayo adzataya.

A Harawa anaima pa mwala, manja kumbuyo. "NyaLuhanga, kamera ikanakhala kumsana. Ine kutsogolo sindinaoneko."

"Adada, anthu sangakhale pa benchi kuonera khosi la munthu."

"Ine ndakhala ndikuonera khosi limenelo kuyambira usanabadwe."

Kezia anaseka, koma kamera sanaisunthe. Cha kumunsi amayi ochapa anali atasiya kuchapa. Mmodzi anafuula kufunsa ngati aphunzitsi alipidwa chifukwa chonyowetsa mapazi, kuti nayenso alembetse. Pobwerera, titafika pamsewu, a Harawa anandiuza motsitsa mawu kuti, "Mchewa, mwandiwonongera. Tsopano ndikatsinzina ndikuona aphunzitsi a Sitandade 3."

Filimuyo inatuluka yaifupi ndi yosavuta kutsatira. Mayi akuwolotsa mwana wake, akuimba. Kenako mwanayo ali pakhomo pachilendo, akusewera yekha. Akubwerera kwawo, pabwalo ndi posesedwa. Akukhala m'mbali mwa msewu, kudzuka galimoto iliyonse ikamveka, kukhalanso pansi ikadutsa. Pomaliza mayi wina akumuitana kuti akasambe, ndipo mwanayo akuyang'ana msewu kamodzinso asanapite. Ndinganene zambiri zotsutsa kajambulidwe kake, ndipo ndinamuuza Kezia zonse, koma malo a pamsewu aja ndi oona, ndipo ndinaona azibambo akuluakulu akuyang'ana kudenga.

Inaonetsedwa Loweruka masana, mwaulere, m'nyumba ya vidiyo ija. Anthu atadzaza, bulangete la pakhomo linakankhidwa ndi nsonga ya ambulera, ndipo analowa a Rahab nyaChavula.

Ndiyenera kufotokoza kukula kwa chinthu chimenechi. A Rahab ndi mayi wa Umanyano, gulu la amayi a mpingo, munthu wosachulutsa mawu, mlimi wa mtedza amene mizere yake imaoneka ngati yoyezedwa ndi chingwe. Nyumba ya vidiyo ankaitcha khola la aulesi, ndipo chiitsegulire mwana wawo anali asanapondemo. Tsikulo anali m'yunifolomu, bulauzi yoyera ndi duku loyera, akuchokera kozonda odwala. Anyamata a pa benchi yakutsogolo anasefukira pansi osauzidwa.

A Harawa anawalandira ndi manja awiri. "Amama, mwabwera?"

"Ndamva kuti mtsinje wa kwathu walowa m'bokosi. Ndati ndikaone ngati wakwanamo."

Anthu anaseka. A Harawa sanaseke. Anayatsa filimu, napita kukaima kumbuyo kwenikweni, pafupi ndi khomo.

Itatha anthu anawomba m'manja, ena nati yewo chomene kwa Kezia, ena nafunsa ngati tsopano kubwera ya karate. Anatuluka mmodzimmodzi mpaka tinatsala anayi: a Rahab pa benchi yawo, Kezia pambali pa TV, a Harawa kukhomo, ndi ine. A Rahab analoza ndi ambulera.

"Bwezera pa mtsinje paja."

Kezia anabwezera. A Muriel anawolokanso, akumwetulira. A Rahab anayang'ana mpaka phazi lomaliza litatuluka m'madzi. Zimene ananena pambuyo pake anazinena m'Chitumbuka, ndipo ndikuziika m'Chichewa mmene ndingathere.

"Mwana wane, wajambula bwino, koma mwanayu wamuwolotsa chobwerera. Sankapita kumudzi, ankachokako. Madzinso sanali awa osambitsa nkhuku. Mvula inali pakati, ankafika m'chiuno. Ndipo anakuuza ndani kuti ankaseka?"

Kezia anayang'ana kukhomo. A Harawa anayenda pang'ono, naima pakati pa mabenchi.

"Amama, munawaona akuwoloka?"

"Ndikanadziona bwanji ndekha?"

Panja jenereta inkalirabe. A Harawa anakhala pa benchi imene inali pafupi, ngati munthu amene watula thumba.

A Rahab sanatembenuke. Analankhula akuyang'ana TV, pamene nkhope ya a Muriel inali itaima. "Ndinabwera kudzathandiza mkulu wanga chifukwa masiku ake anali atayandikira. Ndinali mtsikana, mawere atangomera. M'mawa umenewo azamba anatuluka m'nyumba osayang'ana munthu. Ankhazi ako, alongo awo a adada ako, anandikokera kuseri kwa nkhokwe, akuti, tenga mwana upite naye kwanu, tsopano lino, anthu asanayambe. Ndinati ndimuone kaye Miriam. Akuti ukamuona ulira, ukalira mwana adziwa. Ndinakubereka, ndinatola chimanga pamoto ndi kukupatsa kuti pakamwa patanganidwe. Ndili pakati pa madzi, kumudzi anayamba kulira. Unatembenuza mutu. Ndiye ndinaimba. Sumu imene inandibwerera inali ya pa Khirisimasi, nyengo yake itapita kale, koma ndinaikuwa ngati wamisala mpaka tinakwera chitunda. Akuti wanena kwa anthu awa kuti khosi linali lonyowa?"

"Enya, amama."

"Ndinkapukuta kumaso ndi dzanja, dzanjalo nkupukutira m'khosi, kuti ukasuzumira usaone. Tinakhala kwathu mpaka zonse zitatha. Pobwerera ndinapeza mtumbira. Iwe sunawaone amako akuikidwa, inenso mkulu wanga sindinamuone. Za iwe anthu ankati, mwana asadziwe. Za ine palibe ananenapo kanthu."

A Harawa anati, osakweza mutu, "Ndiye kuti ndilibe kanthu."

"Ulibe kanthu," anabwereza a Rahab.

"Amama, sindikutanthauza kuti inu..."

"Ndamva chimene ukutanthauza, sindine mwana. Ulibe kanthu ka Miriam. Ukanakatenga kuti? Adada ako ananditseka pakamwa, iwenso anakutseka pakamwa, iwo nkupita kukagona kumanda mwamtendere. Ine ndinkati mwanayu sakufunsa chifukwa anaiwala, ndipo ndikayamba ndine adzati ndikumukana."

"Inenso ndinkati ndikafunsa mudzati ndakukanani."

Apa ndi pamene a Rahab anatembenuka, nawayang'ana kuyambira kumutu mpaka kumapazi, bambo wa ana atatu wa imvi m'ndevu. "Mutu wa kwa Harawa," anatero. "Chitsa chenicheni. Unayenera kukaitana anthu a ku Zomba ndi makina awo kuti undifunse funso, pamene Lamulungu lililonse umadya kwanga?"

A Harawa anaseka pang'ono, kusekako nkusanduka china. A Rahab anawasiya mpaka atatha, kenako anagogoda benchi ndi ambulera kuti asendere pafupi.

"Miriam sakanakuwolotsa pamenepo ngakhale chilimwe. Madzi ankawaopa ngati mphaka. Ankazungulira mpaka ku mlatho wa mitengo, ife nkumamudikira kutsidya tikumuseka. Anali wamfupi chomene, wamkamwa. Adada ako, ndi uphunzitsi wawo wonse, ankamuopa."

"Nkhope yawo inali yotani?"

A Rahab anatsinzina. Potsegula maso anaoneka okwiya, koma osati ndi munthu wa m'nyumbamo.

"Inenso yandithawa. Dzina ukasiya kulitchula, nkhope imatsatira. Ndikamufuna amabwera zidutswazidutswa, ndipo zidutswazo zili kwa anthu. Mphuno ili kwa asibweni ako a Hezron, koma uchotseko fodya wa m'mphunoyo. Chipumi ndi maso zinapita kwa Isabella, msuweni wathu amene anakwatiwa ku Chitimba. Ameneyo umuone atakwiya, pakuti Miriam ankaoneka bwino akamakalipa." Anaima, natiyang'ana ine ndi Kezia ngati akutiona koyamba. "Inu ana awiri, tulukani. Muzimitsenso chinthu chikulira panjacho."

Tinatuluka, tinazimitsa. Anakhala m'menemo mpaka chigayo chinatseka.

Kezia anavutika mtima kwambiri. Ankafuna kujambulanso malo a pamtsinje mvula ikabwera, koma kamera inali itabwerera kwa eni ake, ndipo filimuyo inayenda m'masukulu ndi m'matchalitchi momwemo, mayi akuwolokera kolakwika, akumwetulira. Ine ndimamuuza mpaka lero kuti kulakwitsa kumeneko ndiko chinthu chabwino koposa m'filimu yake, ndipo amaganiza kuti ndikumunyoza. Sindikumunyoza. Ikanakhala yolondola, a Rahab akanaonera, akanapukuta maso ndi nsonga ya duku, nkubwerera kwawo ndi pakamwa potseka monga mwa zaka zonse. Chisoni anali atachizolowera kuchisenza. Chimene sakanatha kupirira ndi kuona ntchito yochitidwa mokhota pamaso pa anthu.

Ngati wina akuyembekezera kuti ndinene kuti a Harawa anapeza mtendere tsiku lomwelo, ndimukhumudwitsa. Anataya chinthu chokhacho chimene ankachiyesa cha mayi awo, ndipo chimene analandira m'malo mwake ndi mawu a munthu wina, amene sangalowe m'chifuwa monga inalowera sumu ija. Sabata yotsatira anameta mpala. Wogulitsa nyama atawafunsa kuti kwagwanji, anayankha kuti, "Amama." Uthenga unathamanga msika wonse, ndipo amayi awiri a Umanyano anafika kwa a Rahab atayamba kale kulira, nawapeza akusenda mtedza pakhonde. A Rahab anawapatsa mpando ndi kuwauza kuti maliro ake ndi a Miriam, mkulu wawo, ndipo ngati abwera kudzalira alire ndithu, pakuti iwonso anali asanamalize.

Fodya atatha kugulitsidwa, a Harawa anatseka nyumba ya vidiyo tsiku la msika, chinthu chimene anali asanachitepo. Anakwera matola mpaka ku boma, kuchoka apo minibasi yotsika ku Chiweta, nafika ku Chitimba dzuwa lili pamutu. A Isabella anawapeza m'mbali mwa msewu akugulitsa usipa wouma. Anadzifotokoza kuti ndi mwana wa Miriam, ndipo mayiwo anawalandira bwino, nawapatsa chitini choti akhalepo. Anakambirana za abale, za mvula, za mtengo wa mchere. Nkhani zitatha a Harawa sanatsanzike. Anangokhala pa chitinipo akuwayang'ana. Ogula ankabwera ndi kupita, mthunzi unasuntha, iwo ali pomwepo, maso pachipumi cha mayi wokalamba. Potsiriza a Isabella anamenya tebulo mpaka usipa unadumpha.

"Iwe mwana wa Miriam, wadzandilodza kapena chiyani? Ngati ukufuna usipa gula, ngati sukufuna nyamuka, ukundithamangitsira makasitomala!"

A Harawa akuti anaimirira, navula chipewa, nati, "Yewo chomene, amama. Musasinthe, mukhale choncho pang'ono."

Atabwerako ndinawapeza pakhonde akupukuta matepi, ndipo ndinawafunsa chimene anaona.

"Ndinaona mayi wogulitsa usipa atakwiya," anatero. "Sindinakumbuke kanthu, Bwana Digiri, usalembe bodza. Koma amama akuti ndi momwemo ndithu, ungochotsako zaka ndi kuikapo mphuno ya asibweni." Anauzira fumbi pa tepi, naiika pa inzake. "Kwatsala kuseka. Akuti kuli ku Hewe, kwa mwana wa mchimwene wawo. Vuto lake munthuyo ndi mkulu wa mpingo, ndipo akuti saseka wamba. Ndikufunafuna nthabwala yoti ndipite nayo."